Ndani Atinenere Zomwe Bambo Sanena?

Tebulo ndi lalitali. Bambo akhala kumapeto kuno, mayi kumapeto uko, aliyense maso ali m'mbale mwake. Palibe wotsekula pakamwa kupatula poponyamo chakudya. Koma pamwamba pa mitu yawo pali zithunzithunzi zawo ziwiri, zakuda bii, ndipo izo ndiye sizikubisirana kanthu: zikulozana chala, zikukalipirana, kenako zikufulatirana. Umu ndi momwe amayambira If Anything Happens I Love You, kanema wamfupi wa ku America yemwe Will McCormack ndi Michael Govier adamutulutsa pa Netflix mu Novembala 2020, n'kupata naye mphoto ya Oscar mu 2021. Ndi wojambula pamanja, wa mphindi 12 zokha, ndipo kuyambira poyamba mpaka pothera palibe munthu woyankhula.

Akatha kudya, bambo atuluka panja n'kukaima pakhoma pomwe pali chigamba cha penti ya buluu. Mayi ali pa ntchito yochapa apeza kamalaya pakati pa zovala, nkhongono n'kuwathera. Mpira ugubuduka, ukalowa m'chipinda chomwe chakhala nthawi chosalowamo munthu. Apo m'pomwe woonera amazindikira kuti m'nyumbamu mudali mwana wamkazi wokonda mpira, ndipo kuti tsiku lina adapita kusukulu osabwerako, chifukwa munthu wina adalowako ndi mfuti. Dzina la kanemayo ndi uthenga womaliza womwe mwanayo adalembera makolo ake pafoni, wowauza kuti kaya chichitike n'chiyani, adziwe kuti amawakonda.

Za mfuti m'masukulu ndi bala la anthu a ku America, ndipo owayankhulira ali nawo. Ine chomwe chandigwira ndi tebulo lija. Zikutheka bwanji kuti ife, anthu ongodutsa, oonera pa kafoni kong'aluka galasi, tidziwe pasanathe mphindi ziwiri kuti bamboyu mtima ukumupweteka, pomwe mkazi wake, amene wafunda naye bulangete limodzi zaka zoposa khumi, akungoona munthu wouma mtima akutafuna? Kodi ndife ochenjera kuposa mayiyo? Ayi ndithu. Ife tapatsidwa zithunzithunzi zija. Wojambula watiboolera zenera lomwe mayiyo alibe.

Apa m'pomwe makanema a mtundu umenewu amatipusitsa pang'ono, ngakhale ine ndimawakonda. Kukhala chete kwa pakanema kumakoma chifukwa kuli ndi mboni. Munthu akakalirira kumbali, kamera imamutsata kumbali komweko, nyimbo n'kutiuza kuti tilire naye. Nanga kukhala chete kwa kunyumba kwanu mboni yake ndani? Bambo akapita kukapukuta misozi kuseri kwa nkhokwe, amawatsata ndani? Mwana amangoona kuti bambo adatuluka, abwerako, ndipo afunsa mwaukali ngati mbuzi zatsekeredwa. Chomwe mwanayo adzakumbukire mpaka kumera imvi ndi mbuzizo.

Eni mphoto ya Oscar amati kanema wamfupi asapitirire mphindi 40. M'kanthawi kotere mulibe malo a zokamba zambiri, ndiye opanga makanemawa amathamangira komwe anthu amamvana, kapena kulephera kumvana, popanda mawu. Malo ake ndi m'nyumba. Father and Daughter wa Michaël Dudok de Wit wa ku Netherlands adapambana mu 2001, The Silent Child wa ku England mu 2018, Bao mu 2019, An Irish Goodbye wa ku Northern Ireland mu 2023. Maiko ndi osiyana, koma onse akukanda pachilonda chimodzi: anthu a magazi amodzi, ogona denga limodzi, osafikana. Si ife kodi timati azungu amauzana za chikondi m'mawa, masana ndi usiku, ndipo kuti bambo wosamasuka ndi wa kuno kwathu kokha? Nanga bwanji iwonso akugwetsa misozi ndi makanema amenewa mpaka kuwaunjikira mphoto?

Tengani Bao. Adamupanga ndi Domee Shi, wobadwira ku Chongqing m'dziko la China n'kukulira ku Toronto, mkazi woyamba kutsogolera kanema wamfupi ku kampani ya Pixar. Bao ndi tibanzi ta ku China tophika ndi nthunzi, toika ndiwo m'kati. Mayi wina wachikulire wakonza tibanzi timeneti m'mawa. Mwamuna wake waponya mkamwa mothamanga, watola chikwama, uyo kuntchito. Mayi watsala yekha patebulo. Akuti alume kabanzi komaliza, iko n'kulira ngati khanda. Kaphuka timanja ndi timiyendo. Mayi akalera ngati mwana: kukasambitsa, kukadyetsa, kupita nako kumsika, kukaletsa kusewera mpira ndi ana ena poopa kuti kangaphwanyike mutu. Kabanzi kakula, katuluka tindevu, kayamba kudzitsekera m'chipinda kali pafoni, kakana chakudya chomwe mayi avutika nacho n'kukwera galimoto ya anzake. Tsiku lina kabwera ndi mtsikana wachizungu, mphete ili pachala, n'kulongedza chikwama. Mayi atchinga pakhomo. Kabanzi kaumirira. Mayi akagwira, akaponya mkamwa, akameza.

Ambiri omwe adamuona koyamba mu 2018 adadzidzimuka pamenepo, ena osamvetsa n'komwe. Koma ndani wa ife sadziwa mayi amene angalolere kumeza mwana wake kusiyana n'kumuuza kuti, "Mwanangu, ukachoka nditsala ndi yani?" Chikondi chikasowa potulukira chimasanduka chiyani? Chimasanduka mtanda wa nsima woonjezera pomwe wanena kale kuti wakhuta. Chimasanduka malamulo. Chimasanduka BP yokwera tsiku lomwe mwana wabweretsa chibwenzi, ndi kunong'ona kuti mtsikanayo kugwada kwake n'kwa bondo limodzi.

Kenako timazindikira kuti kabanzi kaja kadali maloto. Mwana weniweni alipo, mnyamata wa nkhope yozungulira ngati banzi lomwelo, ndipo iye ndi mayi ake adasiyana moipa. Waima pakhomo la chipinda, mayi agona chofulatira, iye akuzengereza. Ndiye pachitika kanthu kakang'ono komwe ambiri sakakumbukira akamafotokoza kanemayu. Bambo uja, wongodya n'kuthawira kuntchito uja, amukankha mwanayo kumsana kuti alowe. Basi. Sanena kanthu. Mnyamata akhala pabedi, atsekula kabokosi ka zotsekemera zomwe kabanzi kadazikana kale, awiriwo n'kudya misozi ili chuchuchu. Pakadapanda dzanja lija, kanemayu akadatha bwanji?

Ndidabwerera ku makanema enawo ndi funso lomweli, ndipo ndidapeza kuti pafupifupi aliyense ali ndi dzanja lotere. Pa tebulo lalitali lija, chithunzithunzi cha mwana womwalirayo ndicho chimakokera makolo ake pamodzi. Mu An Irish Goodbye, wa Tom Berkeley ndi Ross White, mayi amwalira pafamu ina ya kumudzi n'kusiya ana aamuna awiri. Turlough wabwera kuchokera ku London, ndipo maganizo ake ndi oti agulitse famuyo, akasiye m'bale wake Lorcan, wobadwa ndi Down syndrome, kwa anti awo, iye abwerere. Lorcan akana kuchoka pokhapokha atakwaniritsa zinthu 100 zomwe akuti mayi adalemba kuti ankafuna kuchita asanafe. Anyamula kamtsuko ka phulusa la mayi awo n'kuyamba chimodzichimodzi, ndipo m'kuchita zopusazo ayambanso kusekera limodzi. Pambuyo pake wansembe wa m'deralo aulula mosadziwa kuti pepala lenileni la mayi silidachoke m'manja mwake. Zinthu 100 zija adapeka ndi Lorcan. Taganizani: munthu kulephera kuuza m'bale wake wa bere limodzi kuti "usandisiye", mpaka kubwereka pakamwa pa malemu! Musaseke msanga. Kodi simudamvepo pabwalo la banja wina akuti, "Malemu amayi ankanena kuti nyumba iyi isagulitsidwe," kapena, "Ndalota agogo akudandaula kuti sitikuyenderana"? Ndi maloto angati otere omwe adalotedwa munthu ali maso?

The Silent Child ndiye amawawa kwambiri, chifukwa dzanjalo lilipo koma banja lilichotsa lokha. Libby ndi kamtsikana kosamva, kali m'nyumba ya anthu otanganidwa omwe patebulo amayankhula onse nthawi imodzi, iko kali duu. Mtsikana wina wodzathandiza, Joanne, akaphunzitsa chinenero chamanja, ndipo kamwanako kayamba kuseka. Makolo, m'malo mophunzira nawo, amuletsa Joanne kubwera, n'kukatumiza kusukulu komwe kulibe wokamasulira. Rachel Shenton, yemwe adalemba nkhaniyi ndi kusewera ngati Joanne, bambo ake adasiya kumva iye ali ndi zaka 12, ndipo polandira mphoto adayankhula ndi manja omwe. M'nyumba ya Libby simudali chete ayi, mudali phokoso. Kodi m'nyumba zathu zosokosera, za wailesi, TV ndi kuitanana mokuwa, muli kumvana kochuluka bwanji?

Tsono tibwere kwathu, chifukwa dzanja limeneli ife tidali nalo, ndipo lidali ndi maina. Makolo athu sadali opusa pomwe adati mwana asayang'ane bambo m'maso, mkamwini apatuke panjira akaona apongozi aakazi, abambo adyere paokha. Koma sadalekere pomwepo. Potseka khomo limodzi adatsekula lina. Mnyamata akafuna banja sankalunjika kwa bambo ake. Ankapita kwa amalume, eni mbumba, ndipo mawu ankafika komwe ayenera kufika. Mtsikana zikamuthina ankathamangira kwa azakhali kapena kwa anamkungwi. Banja likagwedezeka padali ankhoswe a kuchimuna ndi a kuchikazi, omwe ntchito yawo idali kumva zomwe mwamuna ndi mkazi sangauzane maso ndi maso. Agogo aakazi ankamutcha mdzukulu "mwamuna wanga", ndipo m'nthabwala zomwezo mwana ankaulula zomwe kwa mayi ake sakadayerekeza. Msuweni ankakunyoza pagulu, iwe osaloledwa kukwiya, choonadi n'kulowa ndi phwete. Kukhala chete kwa bambo kudali theka chabe la dongosolo. Theka linalo lidali anthu onyamula mawu.

Ndiye ife tidatani? Tidasamukira m'tauni. Ulemu, mantha, kugwada ndi "mwamuna salira" tidazimanga bwinobwino n'kukweza pa lole. Amalume, azakhali ndi agogo tidawasiya kumudzi. Lero m'nyumba ya lendi ku Ndirande, ku Kawale, ku Matero kapena ku Joni muli bambo, mayi ndi ana. Makomo omwe makolo adatseka ali chitsekere, pomwe omwe adatsekula tidawaiwala komweko. Amalume timawakumbukira pa chinkhoswe, kuti adzavale suti n'kugwira nkhuku pojambulitsa. Ankhoswe ena ndi anzathu a kuntchito omwe tidawapempha kutatsala sabata imodzi. Kodi uku n'kusunga mwambo, kapena tidangotola mbali yomwe imatipeputsa, yoti tisamayankhe mafunso a ana athu? Ndipo gulu la banja la pa WhatsApp lija lalowa m'malo mwa yani? Mumakhala mavesi a m'mawa, zithunzi za makeke, ndi mndandanda wa omwe apereka ndi omwe sadapereke chipepeso cha maliro. Ndani adalembamo kuti ntchito idamuthera miyezi itatu yapitayo ndipo tulo sakupeza?

Katundu yense wa amalume, azakhali ndi agogo adagwera pamutu pa munthu mmodzi. Lamulungu lililonse madzulo ndimaimba foni kumudzi. Amayankha ndi bambo, poti foni imakhala m'thumba la jekete lawo.

"Ababa, mwaswera bwanji?"

"Taswera, kaya inu kumeneko?"

"Ifenso taswera. Mvula ikugwa?"

"Ikugwa, koma feteleza ndiye wavuta."

"Ndatumiza kangachepe pa Mpamba, mwaiona?"

"Taiona, zikomo. Landirani mayi anu."

Foni yanga imasunga nthawi, ndipo pofika apa sitidakwanitse mphindi imodzi. Mayi akailandira amachoka nayo kupita kukhitchini, ndipo kumeneko n'komwe ndimamva kuti mwendo wa bambo watupanso, kuti sadagone usiku womwe ndidali pa ulendo wa basi, kuti nyuzipepala yomwe mudatuluka dzina langa adaipinda n'kuisunga m'Baibulo. "Bambo anu akuti mubwere pa Khirisimasi." Akuti? Si omwewa ndayankhula nawo pompano?

Mlandu si wa bambo okha. Chaka china ndidagonekedwa m'chipatala masiku asanu ndi anayi, ndipo Lamulungu la sabata imeneyo ndidaimba ndili pabedi, diripi ili pamkono, n'kunena kuti taswera. Ndinkadziuza kuti ndikuwateteza. Adamva kwa msuweni wanga patatha miyezi iwiri. Mpaka lero sadandifunsepo. Adangotumiza thumba la mtedza pa basi, ine n'kukalandira kudepoti, n'kuimba foni yothokoza mtedzawo. Pakanema, thumba limenelo likadaliza holo yonse. Ine ndidalinyamula pamutu n'kumadandaula kulemera.

Funso lomwe ndimaliopa ndi ili: tsiku lomwe mayi sadzakhalapo kuti alandire foni, ine ndi bambo tidzakamba chiyani mphindi yachiwiri? Mwaona mabanja angati omwe adabalalika mayi atangoikidwa m'manda, pomwe padalibe ngakhale chuma cholimbirana? Malipoti a apolisi ku Malawi akhala akuonetsa chaka ndi chaka kuti ambiri mwa odzipha ndi amuna, ndipo pa maliro otere mawu amakhala amodzimodzi: sadanenepo kanthu. Akadanena kwa yani?

Pa makanema onsewa pali mmodzi yekha wopanda wokankha. Father and Daughter ndi wa mphindi zisanu ndi zitatu, nayenso wopanda mawu. Bambo ndi mwana wake wamkazi akupalasa njinga pamwamba pa chitunda chotchinga madzi, m'dziko lathyathyathya la ku Netherlands. Aima pamtengo. Bambo amukumbatira mwana, atsikira kumadzi komwe kuli bwato, abwereranso kudzamunyamula kachiwiri, kenako apalasa mpaka kuzimiririka. Mwana adikira mpaka dzuwa kulowa, n'kubwerera yekha. Abweranso mawa lake. Abwera mphepo ikumukankha, abwera mvula ikugwa, abwera ndi anzake a kusukulu, ndi bwenzi lake, ndi ana ake. Pomaliza abwera ali nkhalamba yoti njinga ikumugwa m'manja. Madzi aja adaphwa, pamera udzu wautali. Atsika, ayenda m'udzumo, apeza bwato lija litakwiririka mumchenga, agonamo. Akadzuka ayamba kuthamanga, akuchepa msinkhu, mpaka agwa m'manja mwa bambo ake. Woonera aliyense amadziwa kuti kukumana kumeneku si kwa dziko lino.

Kanemayu sanena komwe bambo adapita kapena chifukwa chake. M'Chichewa tili ndi dzina la bambo wotere: mtchona. Ndi midzi ingati yomwe idaperekeza amuna ku Wenela, ku migodi ya ku Joni, ku mafamu a ku Rhodesia, ku migodi ya mkuwa ya ku Zambia, n'kumayang'ana kumsewu zaka ndi zaka? Ndege ya Wenela itagwa ku Francistown mu Epulo 1974 n'kupha Amalawi oposa 70, Kamuzu adaimitsa ulendowo, koma omwe adatchona kale sadabwerere chifukwa cha lamulo. Ena adakwatira komweko, ndipo adzukulu awo lero akuyankhula Chichewa ku Mbare ndi m'makomboni a migodi ku Zimbabwe. Akulu adati mtima wa mnzako ndi tsidya lina, ndipo Dudok de Wit tsidyalo satisonyeza. Ine ndimafuna kudziwa: kodi kutsidyako kudali kamtsikana kena, kokhala ndi bambo yemweyo tsiku ndi tsiku, koma nakonso kosamva kanthu kuchokera pakamwa pake? Ndani mwa awiriwo adali wamasiye kwambiri? Ndipo mtchona wa masiku ano, yemwe amatumiza ndalama pa Mukuru mwezi uliwonse osaphonya koma mwana wake mawu ake sawadziwa, timutcha chiyani?

Pali china chomwe makanema opata mphotowa amatilonjeza chomwe sindikugwirizana nacho. Onse amati ukang'amba nsalu ya chete upezamo chikondi. Kodi nthawi zonse? Rungano Nyoni, wobadwira ku Lusaka n'kukulira ku Wales, adayambira pa makanema aafupi ngati Mwansa the Great wa mu 2011, koma yankho lake pa funso limeneli lili mu kanema wake wamtali, On Becoming a Guinea Fowl, yemwe adamupatsa mphoto ku Cannes mu 2024. Mtsikana wina, Shula, akuyendetsa galimoto usiku apeza mtembo wa amalume ake uli pamsewu. Maliro ayamba, amayi akulira mogubuduka, atsikana akuphika ndi kugawa chakudya. Pang'onopang'ono ziululika kuti malemuwa ankagwirira ana a m'banja momwemo, ndipo kuti akuluakulu ankadziwa. Mkwiyo wa banja, m'malo mogwera malemu, ugwera kamkazi kamasiye komwe asiya. Taonani: wolakwayo ndi malume, munthu yemwe mwambo udamuika kuti mwana azithawirako. Nkhanga ya m'dzina la kanemayo ndi mbalame yomwe imasokosa ikaona chilombo kuti zinzake zithawe, ndipo m'banja limenelo nkhanga idasowa.

Choncho polira amalume ndi ankhoswe omwe tidawasiya kumudzi, tisaname. Ndi akazi angati omwe ankhoswe adawabweza ku nkhonya ndi mawu oti banja ndi kupirira? Ndi atsikana angati omwe adauza azakhali, azakhaliwo n'kuti za m'nyumba sanena panja? Onyamula mawu athu ankathamanga kwambiri mawu akamatsika kuchokera kwa akulu. Akamakwera kuchokera kwa mwana, mapazi ankawalemera. Ngati tiwafunanso, kodi tilola kuti anyamule mbali zonse ziwiri, ngakhale katunduyo atanunkha?

Sindikunena kuti mawa mudzuke n'kukakumbatira bambo anu pakhonde. Angayese mwaledzera, kapena kuti kuchipatala akuuzani zoopsa. Munthu amene adakula akudya payekha sasintha chifukwa mwaonera katuni ya mphindi zisanu ndi zitatu. Koma kodi n'kovuta bwanji kuti mwana aliyense m'nyumba adziwe munthu mmodzi wamkulu, osati mayi ake okha, yemwe angamuuze chilichonse popanda kumenyedwa mbama kapena kulalikidwa? Kodi amalume a m'tauni, omwe ali ndi galimoto ndi mayunitsi, adaimbirapo liti mwana wa mlongo wawo popanda maliro kapena nkhani ya fizi? Nanunso opanga makanema kwathu kuno, omwe foni yabwino ndi anzanu atatu zikukwanirani: mfiti, mbava ndi akazi olandana mwamuna mwatipatsa okwanira, onse okuwa mpaka mawu kusasa. Ndani adzatijambulire bambo akupinda nyuzipepala n'kuilowetsa m'Baibulo? Ndani adzaike kamera kuseri kwa nkhokwe?

Lachinayi lapitali mwana wanga wamwamuna, wa Folomu 2, adafika kunyumba mdima utagwa kale. Ndidali pakhonde. Nyali ya pakhomo idamuwalira kumaso, ndipo ndidaona kuti maso atupa, kolala ya shati yang'ambika. Adaima pang'ono, chikwama chili paphewa limodzi, ngati akudikira kanthu. Mayi ake adali ku maliro kumudzi, m'nyumba mudalibe wina woti amve nkhaniyo n'kudzandiuza mawa lake. Ndidatsekula pakamwa.

"Geti mwatseka?"

"Ndatseka, adadi."

Adalowa m'nyumba, ndipo ndidamva chitseko cha kuchipinda kwake chikutsekeka pang'onopang'ono kuti chisasokose.